Funso la nkhani likakana kusanduka x ndi y: pofufuza ndi pokonza

Teremu iliyonse tikamachonga makope a ana a sekondale kuno ku Chikwawa ndi Nsanje, zolakwika zake zimakhala zomwezomwezo. Mwana ukamulembera pa bolodi 3x + 2y = 7 ndi x − y = 4, amasova osavutika, n'kupeza x = 3, y = −1. Koma masamu omwewo ukawaika mu nkhani ya mayi wogula nsomba pa msika wa Bangula, cholembera chimaima, kapena chimathamanga n'kukafika kolakwika. Mafunso otere, amene m'mabuku amawatcha word problems, sasowa pa mutu wa simultaneous equations (maikweshoni awiri osovedwa pamodzi), ndipo pa mayeso a MANEB amadya malikisi a ana amene masamu amawatha.

Ambiri amene amati "aljebra imandivuta" si aljebra imene ikuwavuta. Amagwa pa mizere itatu yoyamba, kusova kusanayambe n'komwe: posankha chimene x ndi y akuimira, ndi posandutsa ziganizo kukhala maikweshoni. Pamenepo pakapotoka, ngakhale mutasova mwaluso bwanji, mukusova funso lina limene palibe wakufunsani.

Ndalembera ophunzira, komanso achimwene, achemwali ndi makolo amene mumakhala ndi ana madzulo kuwathandiza. Pezani vuto limene likufanana ndi lanu, ndipo yambani ndi choyambitsa cha pamwamba, chifukwa ndaziika kuyambira chofala kwambiri. Mitengo ya m'zitsanzo ndaisankha kuti masamu ayende bwino, si ya pamsika lero.

## Vuto 1: Mwawerenga funso koma poyambira sipakuoneka

1. Mwaona nambala, nkhani simunaimve. Ichi ndiye chofala kuposa zonse. Mwana wa kuno amalankhula Chisena kapena Chimang'anja kunyumba, Chichewa ndi anzake, funso n'kubwera m'Chingerezi, ndipo afunika kuliyankha m'zilembo. Maso amathawira ku nambala chifukwa ndi zokhazo zimene zikuoneka zachizolowezi.

- Fufuzani: tsekani buku, fotokozerani mnzanu nkhaniyo m'chilankhulo cha kwanu. Ndani wachita chiyani? Wagula zingati? Walipira zingati?
- Ngati mwalephera kufotokoza, musalembe x. Werenganinso chiganizo chimodzichimodzi, mukuima pa mpumiro uliwonse.

2. Simunapeze zimene akufuna. Kawirikawiri zimakhala m'chiganizo chomaliza, pamene pali mawu akuti find, calculate kapena how many. Yambani kuwerenga pamenepo, kenaka mubwerere kumayambiriro.

3. Mukufuna kulipeza yankho m'mutu musanalembe. Ana ochenjera ndi amene amakodwa apa. Kungoyerekeza kumagwira pa nambala zazing'ono, koma malikisi ambiri ali pa njira.

Chitsanzo. Mayi wina wagula milamba 3 ndi milu 2 ya tomato pa K7,000. Mnzake wagula milamba 2 ndi milu 5 pa K6,500. Mlamba umodzi ndi ndalama zingati, nanga mulu umodzi?

Zosadziwika zilipo ziwiri, ndipo zonse ndi mitengo. Lembani:

- x ndi mtengo wa mlamba umodzi, m'makwacha
- y ndi mtengo wa mulu umodzi wa tomato, m'makwacha

Mayi aliyense ndi ikweshoni yakeyake. Woyamba: 3x + 2y = 7000. Wachiwiri: 2x + 5y = 6500. Chulukitsani yoyamba ndi 5, yachiwiri ndi 2, mupeza 15x + 10y = 35000 ndi 4x + 10y = 13000. Mukachotsera patsala 11x = 22000, ndiye x = 2000, y = 500.

## Vuto 2: Ikweshoni yoyamba yatheka, yachiwiri ikukana, kapena zonse zasakanikirana

Apa ndikhalitsapo pang'ono, chifukwa muzu wa mavuto ambiri a m'munsimu uli pano.

1. Mwalemba dzina la chinthu m'malo mwa nambala. M'makope ndimaona "x = mbuzi, y = nkhuku". Ndikafunsa kuti mbuzi yatani, mwana amandiyang'ana modabwa. Koma x sangakhale mbuzi. Akhoza kukhala chiwerengero cha mbuzi, mtengo wa mbuzi imodzi, kulemera kwake, kapena miyendo ya mbuzi zonse. Zinayi zimenezi ndi nambala zosiyana. Mukapanda kusankha imodzi, x amaima ngati chiwerengero mu ikweshoni yoyamba, n'kusanduka mtengo mu yachiwiri, inu osazindikira.

- Fufuzani: werengani mzere wanu wa x mokweza. Kodi funso lakuti "zingati?" lingayankhidwe ndi nambala? "Mbuzi" siyankha. "Chiwerengero cha mbuzi" chikuyankha.
- Konzani: mzere uliwonse uyambe ndi mawu ngati chiwerengero cha, mtengo wa, zaka za, liwiro la. Pa mayeso ndiye Let x be the number of, kapena the cost of one. Mawu akuti one musawadumphe.

2. Mwasakaniza kuchuluka kwa zinthu ndi ndalama zake mu ikweshoni imodzi. Ikweshoni ili ngati sikelo ya ogula thonje: zimene zili mbali iyi ziyenera kukhala za muyezo umodzi ndi za mbali inayo. Simungaike makilogalamu kumanzere, makwacha kumanja.

Titenge thonje lomwelo. Mlimi wa ku Ngabu wagulitsa makilogalamu 200, ena a giredi A pa K900 kilogalamu imodzi, ena a giredi B pa K700. Walandira K170,000. Anali ndi makilogalamu angati a giredi iliyonse?

Ana ambiri amalemba 900x + 700y = 200, kapena x + y = 170000. Nambala zonse zilimo, koma zakhala m'malo olakwika. Musanalembe ikweshoni jambulani katebulo ka mizere iwiri:

- Makilogalamu: giredi A ndi x, giredi B ndi y, onse pamodzi 200
- Makwacha: giredi A ndi 900x, giredi B ndi 700y, zonse pamodzi 170000

Mzere uliwonse wasanduka ikweshoni: x + y = 200, ndi 900x + 700y = 170000. Yachiwiriyo igaweni ndi 100 kuti ipepuke, 9x + 7y = 1700. Chulukitsani yoyamba ndi 7, chotserani, mupeza 2x = 300. Giredi A ndi makilogalamu 150, giredi B ndi 50.

Katebulo kameneka kamagwira pa mafunso onse a mtundu uwu. Msungichuma wa banki mkhonde ali ndi mapepala a ndalama 25, ena a K2,000 ena a K5,000, zonse pamodzi K80,000: mzere wa mapepala ndi x + y = 25, mzere wa ndalama ndi 2000x + 5000y = 80000, ndipo mupeza 15 ndi 10. Mitu ndi miyendo ya ziweto, matikiti a akulu ndi a ana, zonsezi n'zofanana: ikweshoni imodzi imawerenga zinthu, inayo imawerenga ndalama kapena miyendo yake.

3. Mfundo yachiwiri ili m'mawu opanda nambala yooneka. Twice, half, double, equal, the same as ndi nambala zovala mawu. Funso likakhala ndi nambala imodzi yokha yolembedwa ndi manambala, sakani mawu oterewa ndipo muwadule mzere kunsi.

## Vuto 3: Yankho latuluka lokongola, koma aphunzitsi achonga kuti lalakwa

Ili ndi vuto loopsa kuposa onse, chifukwa silidzionetsa. Nambala zimatuluka zathunthu, mwana amatuluka m'chipinda cha mayeso akusangalala.

1. Mwatembenuza ikweshoni yofananitsa. M'khola muli mbuzi ndi ng'ombe 48, ndipo mbuzi n'zochuluka katatu kuposa ng'ombe. Tiike m kukhala chiwerengero cha mbuzi, n chiwerengero cha ng'ombe. Mwana amatsata mawu monga adamu: mbuzi, katatu, ng'ombe, n'kulemba 3m = n. Akasova ndi m + n = 48 apeza m = 12, n = 36. Palibe fulakishoni, palibe mayinasi, ndipo 12 ndi 36 akupangadi 48. Koma mbuzi zimene zimayenera kuchuluka ndi zimene zachepa.

Ikweshoni yoona ndi m = 3n, ndipo mbuzi ndi 36, ng'ombe 12. Chifukwa chake n'chosavuta: kuti mbali ziwiri zifanane, chochepacho ndiye chofunika kuchulukitsidwa. Chochuluka chakwana kale.

- Fufuzani: musanalembe, dzifunseni kuti chachikulu n'chiti. Lembani m'mbali mwa pepala, "mbuzi n'zambiri".
- Yesani ndi nambala yaing'ono. Ng'ombe zikhale 2, ndiye mbuzi ndi 6. Ikani mu ikweshoni yanu. 3m = n ikupereka 18 = 2, zabodza. m = 3n ikupereka 6 = 6.

Kuyesa kumeneku sikutha ngakhale theka la mphindi. Ndimauza ana anga kuti ikweshoni iliyonse yofananitsa isadutse osayesedwa chonchi, ngakhale akuona kuti aidziwa. Makamaka akuona kuti aidziwa.

2. Less than yakupotozani. Five less than x ndi x − 5, osati 5 − x. Chingerezi chimatchula 5 poyamba, koma pochotsera amabwera pambuyo. Subtracted from amachitanso chimodzimodzi: 7 subtracted from y ndi y − 7. Njira yake ndi yomweyo ya nambala yaing'ono. Five less than 20 aliyense adziwa kuti ndi 15. Mwaipeza bwanji? 20 − 5. Ndiye pamene panali 20 ikani x.

3. Mwasokoneza more than ndi times. Four more than y ndi y + 4. Four times y ndi 4y. Pothamanga ana amaona four basi. Exceeds by nayonso ndi ya kuphatikiza: x exceeds y by 6 ndi x = y + 6.

4. Mwaloweza kuti mawu akuti more ndiye pulasi nthawi zonse. Chizolowezi chosaka liwu limodzi n'kulisandutsa chizindikiro chimachokera ku pulayimale, ndipo sindichikonda. Taonani: x is 6 more than y ingalembedwe x = y + 6, kapenanso x − y = 6. Zonse n'zoona, ina ili ndi pulasi ina mayinasi. Koma x + 6 = y, imene ili ndi pulasi, ndi yolakwa. Liwu limodzi silingakuuzeni chizindikiro. Chokuuzani ndi kudziwa chachikulu ndi chaching'ono.

5. Poyesa yankho mwagwiritsa maikweshoni anu omwe. N'chifukwa chake cholakwikacho sichinagwidwe. Ikweshoni yolakwa imavomereza yankho lake lolakwa. Yankho liyesedwe ku mawu a funso, chiganizo ndi chiganizo: kodi mbuzi 12 n'zochuluka katatu kuposa ng'ombe 36? Ayi. Kakyuleta ndi mapulogalamu a pafoni osova masamu nawonso sangakuthandizeni pano, amasova zimene mwawapatsa.

## Vuto 4: Yankho latuluka la mayinasi, ziro, kapena fulakishoni yosayenera

Zaka za munthu −6, ana 7.5, nsomba ya mtengo wa −K300. Apa bola, chifukwa yankho lenilenilo likukuwa kuti pena palakwika. Musafufute mayinasi n'kupitiriza ngati palibe chachitika. Bwererani.

1. Mabulaketi asowa. Zimachitika kwambiri pa mafunso a zaka. Bambo ali ndi zaka zochuluka kanayi kuposa mwana wawo. Pakatha zaka 6, zaka za bambo zidzakhala zochuluka katatu kuposa za mwanayo. Tiike b zaka za bambo lero, w zaka za mwana lero. Yoyamba ndi b = 4w. Yachiwiri ndi b + 6 = 3(w + 6). Mukasova, 4w + 6 = 3w + 18, w = 12, b = 48. Pakatha zaka 6 adzakhala ndi 54 ndi 18, ndipo 18 katatu ndi 54.

Mukaiwala mabulaketi n'kulemba b + 6 = 3w + 6, mupeza w = 0.

2. Mwakulitsa munthu mmodzi yekha. Mukalemba b + 6 = 3w, bambo akula koma mwana waima pomwepo, ndipo mupeza w = −6. Nthawi ikapita, ipitire onse. Jambulani katebulo: lero b ndi w, pakatha zaka 6 b + 6 ndi w + 6. Years ago ndiye kuchotsera kwa onse awiri.

3. Miyezo yasakanikirana. Maola ndi mphindi, mamita ndi masentimita, matumba ndi makilogalamu, kwacha ndi tambala. Sankhani muyezo umodzi musanalembe ikweshoni. Chenjerani ndi nthawi: ola limodzi ndi mphindi 30 ndi maola 1.5, osati 1.30. Maola 2 ndi mphindi 15 ndi 2.25, osati 2.15, pakuti ola lili ndi mphindi 60, si 100.

4. Mwakopera nambala molakwa. 1 ndi 7, 5 ndi 6, kapena ziro mmodzi wagwa pa 170000. Amene mumakopera funso kuchokera pa bolodi kapena m'kope la mnzanu chifukwa buku ndi limodzi pa gulu lonse, yambani mwaona pamenepa.

Dziwaninso kuti si fulakishoni iliyonse imene ili yolakwa. Liwiro la makilomita 7.5 pa ola ndi labwinobwino, kulemera kwa makilogalamu 2.5 chimodzimodzi. Zinthu monga anthu, ziweto ndi mapepala a ndalama ndizo sizigawika. Ndipo funso likangoti two numbers, imodzi ikhoza kukhaladi ya mayinasi.

## Vuto 5: Zilembo zonse zafafanizika, patsala 0 = 0 kapena 0 = 5

Patsala 0 = 0. Maikweshoni anu awiri ndi imodzi yolembedwa kawiri.

1. Chofala: mwalemba x + y = 48, kenaka y = 48 − x ngati yachiwiri. Palibe chatsopano chimene yachiwiriyo yanena. Bwererani ku funso, pali chiganizo chimene simunachigwiritse ntchito.
2. Pa substitution, njira yotenga chimene y akufanana nacho mu ikweshoni imodzi n'kuchilowetsa mu inzake, mwabwezera y mu ikweshoni yomwe munamuchotsamo. Mulowetseni mu inayo.
3. Mwa apo ndi apo, funso lenilenilo ndi loperewera: makope 2 ndi zolembera 3 K1,300, makope 4 ndi zolembera 6 K2,600. Wachiwiriyu wangogula kawiri zimene woyamba wagula. Yankho limodzi palibe.

Patsala 0 = 5, kapena bodza lina lotere. Maikweshoni akutsutsana. Mukawajambula pa girafu ndi mizere iwiri yoyenda limodzi osakumana. Onani kakoperedwe ka nambala, kenaka zizindikiro. Zonse zikakhala bwino, funsolo mwina linalembedwa molakwa, ndipo ndi nkhani yopita nayo kwa aphunzitsi.

## Vuto 6: Mwagwiritsa zonse zolembedwa, koma zikuoneka kuti china chikusowa

Mafunso ena amayembekeza kuti mfundo ina mubwera nayo nokha. Atatu awa ndi amene amabwerabwera.

Boti ndi madzi. Pano ana a m'mbali mwa Shire muli ndi mwayi kuposa anzanu a kumtunda, mukangolola zimene mumadziwa kale kulowa m'kalasi. Amene anapalasapo bwato kapena kuwoloka pa Mtayamoyo amadziwa kuti potsika madzi amakukankha, pokwera amakubweza. Funso silinena zimenezi, limangoti: boti la injini latsika mtsinje makilomita 18 pa ola limodzi ndi mphindi 30, pobwerera latenga maola 2 ndi mphindi 15. Pezani liwiro la boti pa madzi odikha, ndi liwiro la madzi.

- x ndi liwiro la boti pa madzi odikha, y ndi liwiro la madzi, onse m'makilomita pa ola
- Potsika liwiro ndi x + y, pokwera ndi x − y
- Liwiro ndi mtunda kugawa ndi nthawi: 18 ÷ 1.5 = 12, ndipo 18 ÷ 2.25 = 8

Ndiye x + y = 12, x − y = 8. Phatikizani: 2x = 20, x = 10, y = 2. Cholakwika chofala ndi kutenga x ngati liwiro lotsikira, y ngati lokwerera, n'kuiwala kuti funso likufuna boti ndi madzi. China ndi kulemba y − x pokwera. Madzi akanakhala ndi liwiro loposa la boti, botilo silikanabwerera kwawo. Ndege ndi mphepo, kapena wa kabaza wolimbana ndi mwera, masamu ake ndi omwewa.

Nambala ya madijiti awiri. Nambala imene dijiti yake yoyamba ndi x, yachiwiri y, si xy. Mu aljebra xy ndi x kuchulukitsa ndi y. Nambalayo ndi 10x + y, monga 36 ali 30 ndi 6. Mukaitembenuza ndi 10y + x. Funso: madijiti awiri akaphatikizidwa apanga 9, ndipo nambala yotembenuzidwa iposa yoyamba ndi 27. Ndiye x + y = 9, ndi 10y + x = 10x + y + 27, imene ikafupikitsidwa ndi y − x = 3. Mupeza x = 3, y = 6. Nambala ndi 36, ndipo 63 − 36 ndi 27 ndithu.

Mpanda wa dimba. Perimeter ndi kuzungulira mbali zonse zinayi. Dimba la mpanda wa mamita 140, m'litali kuposa m'lifupi ndi mamita 10: 2x + 2y = 140 ndi x = y + 10, zopereka 40 ndi 30. Wolemba x + y = 140 wamanga mbali ziwiri zokha, ndipo apeza 75 ndi 65, nambala zooneka bwino zimene zili zolakwa. Jambulani dimbalo musanalembe.

## Vuto 7: Maikweshoni ndi oona, koma yankho lalakwa

Tsopano ndiye tafika pa aljebra yeniyeni, ndipo zake n'zochepa.

1. Kuchotsera nambala ya mayinasi. Pochotsa x − y = 8 ku x + y = 12, y − (−y) ndi 2y, si 0. Zizindikiro zikasiyana phatikizani, zikafanana chotserani.
2. Pochulukitsa ikweshoni mwaiwala mbali ya kumanja. 3x + 2y = 7000 kuchulukitsa ndi 5 ndi 15x + 10y = 35000.
3. Pa substitution mabulaketi asowa: 2(48 − x) ndi 96 − 2x.
4. Zilembo sizinayang'anizane. Ikani x pansi pa x, y pansi pa y, nambala kumanja, musanaphatikize kapena kuchotsera.

## Vuto 8: x ndi y ndi oona, koma malikisi sanakwane

- Funso limafuna china. Pa nkhani ya milamba, akanafunsa mtengo wa milamba 4 ndi milu 3, yankho ndi K9,500, osati x ndi y okha.
- Simunalembe chimene x ndi y akuimira, ndiye wochonga sakudziwa kuti 2000 ndi wa chiyani.
- Muyezo wasowa. Malizani ndi chiganizo chokhala ndi kwacha, zaka kapena makilomita pa ola.
- Mwangolemba yankho popanda njira.

## Pamene muyenera kuima n'kufuna thandizo

Kulimbikira n'kwabwino, koma pali pena pamene kubwereza nokha kumangozamitsa cholakwika. Imani pa zinthu izi.

Pitani kwa aphunzitsi a masamu ngati:

- funso limodzi mwaliyesa katatu, mwadutsa m'ndandanda wonsewu, koma 0 = 5 akubwerabe kapena yankho likusiyana ndi la kumapeto kwa buku. Mabuku ndi mapepala otayipa pa sukulu nawo amalakwitsa;
- mu ikweshoni mwatuluka x², xy, kapena chilembo pansi pa fulakishoni. Mwina mwalakwitsa, koma mwinanso funsolo ndi la linear ndi quadratic, mutu wa makalasi a pamwamba umene uli ndi njira zake;
- −3 − (−5) kapena 2x + 5 = 11 zikukuvutanibe. Pamenepa vuto lili m'mbuyo, ku ntchito ya Fomu 1, ndipo mafunso a nkhani adikire kaye. Palibe chochititsa manyazi. Ana ambiri a kuno anataya masabata a maphunziro pa madzi osefukira a mu Januwale 2015, namondwe Ana mu 2022 ndi Freddy mu Malichi 2023, pamene makalasi ena anasanduka misasa ya anthu othawa madzi. Mitu imene inadumphidwa nthawi imeneyo siibwerera yokha. Uzani aphunzitsi mosabisa kuti mutu wakutiwakuti simunauphunzire.

Pitaninso kwa aphunzitsi a Chingerezi ngati mwana amasova bwino funso likamasuliridwa m'Chichewa kapena Chisena, koma amaima likakhala m'Chingerezi. Kumuwonjezera masamu ambirimbiri sikuthandiza. Afunika kuwerenga ndi kumva ziganizo.

Makolo, pitani naye ku chipatala ngati amatsinzina poyang'ana pa bolodi, amakopera nambala molakwa akakhala kumbuyo koma bwino akakhala kutsogolo, amadandaula mutu akawerenga, kapena samva aphunzitsi akamalankhula atatembenukira ku bolodi. Maso ndi makutu ayesedwe ndi achipatala. Musamugulire magalasi a pamsika.

Kambiranani ndi a hedi za aphunzitsi a maphunziro apadera ngati mwana amayankha bwino pakamwa koma polemba amatembenuza manambala kawirikawiri, 36 kukhala 63, 6 kukhala 9, kapena amadumpha mizere powerenga, ndipo wakhala akutero kuyambira ku pulayimale. Si ulesi, ndipo kumukalipira sikukonza. Alipo aphunzitsi amene anaphunzira za ana otere, ambiri mwa iwo ku koleji ya Montfort ku Nguludi, ndipo a hedi angakulumikizeni nawo kudzera ku ofesi ya zamaphunziro ya pa boma.

Inu achimwene ndi achemwali othandiza kunyumba, mukaona kuti njira imene munaphunzira ikusiyana ndi ya m'kope la mwana, musamukakamize kusiya ya aphunzitsi ake. Elimination, njira yophatikiza kapena kuchotsera maikweshoni kuti chilembo chimodzi chichoke, ndi substitution zonse zimafikitsa ku yankho limodzi. Ntchito imene mungamuchitire bwino ndi kumufunsa kuti x akuimira chiyani, chachikulu n'chiti, ndipo yankho likugwirizana ndi nkhani kapena ayi.

Popita kwa aphunzitsi tengani funso lokopera lonse monga lilili, ndi ntchito yanu yolakwayo osafufuta kapena kung'amba tsamba. Sonyezani mzere umene munayamba kukayika. Mphunzitsi akaona 3m = n m'kope lanu adziwa chokuuzani nthawi yomweyo, pamene mukangoti "sindikumva" ayamba nanu mutu wonse kuchokera pachiyambi.